Nkhuyu Zodya Akulu Zikapota Ana

Akale anati nkhuyu zodya mwana zinapota akulu. Ankanena zoona, pakuti mwana akaba mbuzi ya eni, amene amakakhala pansi pabwalo la mfumu ndi malume ake. Koma ine pa ukalamba wangawu ndaona mwambiwu ukuyendanso chafutambuyo: nkhuyu adya ndi akulu, m'mimba mwapota ana. Bambo ndi mayi amva mlaliki wina, mitima yatengeka, agulitsa njinga, mbuzi ndi malata, asamukira kumsasa wa anthu odzitcha osankhidwa. Iwowo asankha okha, ndipo akudziwa chimene asiya kumbuyo. Koma mwana wobadwira kumeneko sanafunsidwe kanthu. Amatsegula maso n'kupeza mpanda unamangidwa kale, ndipo kwa iye dziko limathera pampandapo.

Ndiponde bwino ndisanapite patali, chifukwa nkhani ya chipembedzo ndi yoterera. Si mpingo uliwonse waung'ono kapena wa miyambo yachilendo umene uli kagulu kotsekera anthu. Ife amene tinalipo m'masiku a chipani chimodzi tikukumbukira zimene zinagwera a Mboni za Yehova. Analetsedwa m'dziko muno mu 1967, nkhani yaikulu ili yokana kugula makadi a chipani. Nyumba zawo zinatenthedwa, ambiri anamenyedwa, ndipo mu 1972 anthu zikwizikwi anathawira ku Sinda Misale ku Zambia, ena ku Mozambique. Chiletsocho chinadzachotsedwa mu 1993. Munthu amene anaona zimenezo sathamangira kuloza chala mnzake wopemphera mosiyana naye. Choncho ine sindiyang'ana zovala, ng'oma kapena tsiku lopembedzera. Ndimayang'ana chitseko. Kodi munthu angafunse mtsogoleri funso osalangidwa? Mwana akadwala amaloledwa kuchipatala? Amene wati "ndatopa, ndikupita" amachoka ndi katundu wake, n'kumabwerabe kudzaona amayi ake? Pamene munthu mmodzi wagwira chikwama, wagwira maukwati, wagwira mankhwala, wagwiranso makiyi a kumwamba, ndipo chitseko chimatsegukira olowa okha, pamenepo ndi pamene ndikunena.

Ku New Zealand, m'chigwa china cha kumadzulo kwa chilumba cha kum'mwera, kuli mudzi wotchedwa Gloriavale, wa anthu pafupifupi 600. Gululi analiyambitsa mu 1969 ndi mlaliki wochokera ku Australia, Neville Cooper, amene pambuyo pake anadzitcha Hopeful Christian. Mlendo wofika kumeneko amaona zokoma zokhazokha: ng'ombe zamkaka zonenepa, amayi ovala madiresi ataliatali abuluu ndi mipango kumutu, ana aukhondo oimba mokometsera. Palibe wogona ndi njala, palibe wa ngongole. Koma chikomekome cha nkuyu, m'kati muli nyerere. Cooper yemweyo anamangidwa mu 1995 pa milandu ya nkhanza zokhudza kugonana, ndipo atatuluka m'ndende anakapitiriza kutsogolera mpaka imfa yake mu 2018. Munthu wa m'mudzimo amagwira ntchito osaona malipiro m'dzanja lake. Ukwati amakonza ndi atsogoleri. Wochoka amamutenga kuti wataya moyo wosatha, ndipo abale ake otsala amamufulatira.

Mu 2022 khoti loona za ntchito m'dzikomo linagamula mlandu wa amuna atatu obadwira m'mudziwo, ndipo linapeza kuti anali antchito kuyambira ali ndi zaka 6 mpaka tsiku limene anachoka. Zaka 6! Msinkhu umene mdzukulu wanga akuyamba Sitandade 1, anzake anali kale m'makola ndi m'mafakitale a gulu. Mu 2023 khoti lomwelo linagamula chimodzimodzi pa amayi 6 amene anakulira m'khitchini ndi mochapira zovala za khamu lonselo. Atsogoleri ankati imeneyo inali ntchito yapakhomo ndi yodzipereka. Kudzipereka kwake kuti, kwa mwana amene anauzidwa kuyambira ali kumsana kuti kukana ntchito n'kukana Mulungu? M'mera mpoyamba, anatero akale, ndipo eni timagulu totere amaudziwa mwambiwu kutiposa ife.

Chimene chimandikhudza pa nkhani ya Gloriavale ndi cha m'mawa mwake munthu atachoka. M'tauni ya Timaru muli bungwe lotchedwa Gloriavale Leavers' Support Trust, limene ntchito yake ndi kulandira otulukawo. Limawapezera pogona ndi zovala, limawaperekeza kubanki, limawathandiza kufunsira ntchito. Taganizirani, bambo wa ana angapo, wodziwa kukama ng'ombe ndi kukonza thirakitala, koma sanalipirepo lendi, sanagulepo nsapato yosankha yekha. Apa ndi pamene pali kusiyana kumene ambiri sitikuona. Munthu amene analowa kagulu ali wamkulu, akatuluka amabwerera. Ali ndi mudzi wakale, anzake akale, ntchito imene ankaidziwa, ngakhale nyimbo zimene ankavina ali mnyamata. Wobadwira m'katimo alibe kobwerera. Akatuluka, wasiya mayi, bambo, anzake, pogona, chakudya ndi Mulungu amene ankamudziwa, zonse tsiku limodzi, ndipo kunjaku ndi kumene anaphunzitsidwa kuti kumakhala Satana.

Zimenezi sindinazimve pawailesi pokha. Pakhomo pathu panakhalapo mtsikana wina, mdzukulu wa mlamu wanga, amene anabadwira m'kagulu kena ka kumapiri. Dzina lake ndi la kaguluko ndisunga. Anathawa atangopitirira zaka 18, atamva kuti amukonzera ukwati ndi mmodzi wa akuluakulu a gululo, munthu wa msinkhu wa bambo ake. Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko: palibe anakamutulutsa, ananyamuka yekha tambala asanalire, atavala chitenje chimodzi, n'kuyenda wapansi mpaka pamsewu waukulu.

Anali mwana waulemu woti aliyense angamusirire. Ankagwada patali, ankadzuka mbandakucha kusesa, sankayankha mokweza. Anansi ankatiyamikira kuti tapeza mwana woleredwa bwino. Mayi a kunyumba ndi amene anayamba kuona kuti ulemuwo unali ndi mantha m'kati. Mtsikanayo sankamwa madzi osapempha. Sankakhala pampando osauzidwa. Ukamufunsa kuti, "Mwanawe, ukufuna tiyi kapena phala?" ankangoyang'ana nkhope yako kufuna kudziwa yankho limene iwe ukulifuna.

Tsiku lina tinamutuma kumsika kukagula matimati ndi usipa. Dzuwa linakwera, moto unazima pamafuwa, iye osabwera. Nditamutsatira ndinamupeza ataima pakati pa amayi awiri ogulitsa matimati, ndalama ataifumbata mpaka yanyowa ndi thukuta. Amayiwo ankamuitana uku ndi uku, wina akuti "bwerani kuno asisi, ndikuikirani basela," ndipo iye anangoti njo, misozi ili m'maso. Atandiona anati, "Agogo, simunandiuze kuti ndigule kwa uti." Ndinamuuza kuti agule kwa amene matimati ake amusangalatsa. Anandiyang'ana nthawi yaitali, kenako anafunsa motsitsa mawu, "Nanga ndikalakwitsa?" Kumene anakulira kunalibe kulakwitsa kwakung'ono. Mchere ukachuluka m'ndiwo unali mzimu wa kusamvera, ndipo ankakaulula pamaso pa gulu lonse.

Amene munanyamulapo nkhuku panjinga mukudziwa kuti mukaimasula miyendo siithawa pomwepo. Imagona chammbali pamene mwaiikapo, chingwe chitachoka kale, mpaka magazi ayambenso kuyenda. Mwanayu anali choncho, ndipo ife ofulumira tikanatha kunena kuti ndi wopusa kapena waulesi m'mutu. Sanali wopusa. Ankatha kulakatula mitu yathunthu ya Malemba osaphonya, ankadziwa kusunga mbewu ndi kuumba mbaula kuposa ana athu a m'tauni. Chimene sanapatsidwe mpata wochiphunzira ndi kunena kuti "ine ndikufuna ichi."

Usiku ndiye unali wovuta. Mvula yoyamba itabwera ndi ziphaliwali, tinamupeza atagwada pakona akunjenjemera, akuti tsiku lachimaliziro lafika ndipo iye lamupeza ali kunja kwa mpanda. Masana ankavomera kuti mtsogoleri wawo anali wonama. Anali ataona yekha kuti ana a mtsogoleriyo amapita kuchipatala mobisa pamene ana a anthu wamba amangowapempherera. Koma zimene mutu wakana, thupi limazisungabe. Ambiri amene anakulira m'timagulu totere amanena zofanana: maloto oopsa, mtima kugunda akamva nyimbo inayake, ndi maganizo akuti tsoka lililonse lowagwera ndi chilango cha kuchoka kwawo. Atsogoleri amaneneratu kuti wotuluka adzadwala, adzasauka, adzafa imfa yoipa. Tsono popeza munthu aliyense amadwala ndipo wotuluka chimanjamanja amasaukadi, ulosiwo umaoneka kuti wakwaniritsidwa.

Malungo atamugwira mtsikana uja, anakana kupita kuchipatala, akuti ndi dzanja la Mulungu ndipo jakisoni angowonjezera tchimo. Sitinakangane naye za Malemba. Mayi a kunyumba anangoti, "Tiye undiperekeze ine, ukaone chabe." Kumeneko namwino wina wodekha anamulankhula bwino, anamubaya kachala, anamuonetsa timizere tiwiri pa kachipangizo koyezera, n'kumupatsa LA. Patapita masiku ochepa anadzuka n'kupempha nsima. Ndikukhulupirira kuti mapiritsi amenewo anagwetsa mbali yaikulu ya mpanda kuposa mawu onse amene tikanalankhula, chifukwa kanali koyamba kuti aone ndi thupi lake kuti chimene anauzidwa kuti chimapha chamuchiritsa.

Madzi saiwala khwawa. Tisadabwe tikamva kuti wina amene anathawa wabwereranso. Ku Kenya, m'nkhalango ya Shakahola kufupi ndi Malindi, mu 2023 anafukula mitembo yoposa 400 ya otsatira a Paul Mackenzie, amene anaimbidwa mlandu wolamula anthu kusala kudya mpaka kufa kuti akakumane ndi Yesu, ana ndiwo oyamba. Mwa amene anapulumutsidwa, 65 anatengeredwa kukhoti chaka chomwecho chifukwa ankakanabe chakudya ali kale m'manja mwa boma. Matupi anali atatuluka m'nkhalango, mitima inali idakali komweko. Ndipo kutengera anthu otere kukhoti, m'kuona kwanga, kunali kumenya wodwala chifukwa chobuula. Ku Kanungu ku Uganda, kumene anthu mazanamazana anapsera m'tchalitchi pa 17 Malichi 2000, ndipo onse ofa m'gululo anaposa 700, munalinso ana ambiri amene sanasankhe kanthu. Nkhani zotere zimamveka dziko lonse chifukwa cha mitembo. Koma pa kagulu kamodzi kothera m'manda, pali tambiri timene sitipha munthu poyera, timangodya ubwana wake mwakachetechete, ndipo za ito nyuzipepala sizilemba.

Chimene chimakoka munthu kubwerera nthawi zambiri si chiphunzitso ayi. Ndi amayi ake. Mtsikana wathu uja sankalira mtsogoleri, sankalira mapemphero a usiku wonse. Ankalira amayi ake ndi mng'ono wake amene ankagona naye mphasa imodzi. Mako ndi mako, usamuone kuchepa mwendo. Anthu ena abwino mtima ankaganiza kuti akumutonthoza pomuuza kuti, "Makolo akowo ndi afiti, aiwale." Akatero iye ankangotseka pakamwa tsiku lonse. Mayi amene anamumana sukulu ndi yemweyo amene ankamusungira chakudya pamene gulu lalamula kusala. Zinthu ziwirizi n'zoona nthawi imodzi, ndipo mwana ayenera kuloledwa kuzinyamula zonse popanda wina kumukakamiza kutaya chimodzi. Amayiwo nawonso analowa m'gululo atataya ana awiri motsatizana, mtima uli pabala, ndipo anthu a gululo ndi amene anabwera kudzakhala nawo pamene achibale anali atabalalika maliro atatha. Tsoka silinunkha. Palibe amene amadzuka m'mawa n'kunena kuti lero ndikalowe kagulu kondilanda ana. Munthu amalowa pamene pali anthu omumvera chisoni.

Tsono pali zolakwa zimene ife olandira timachita, ndipo ziwiri zimandipweteka kwambiri. Choyamba ndi kuthamangira kumulowetsa mumpingo wathu. Munthu wangotuluka kumene m'nyumba imene ankauzidwa chokhulupirira, ife tamugwira dzanja, "tiye kwathu, kuli choonadi chenicheni," mwinanso tikufuna akaime kutsogolo apereke umboni kuti mpingo uombe m'manja. Ine ndine munthu wopemphera, ndipo ndimakhumba aliyense atamudziwa Mulungu wachifundo. Koma mwana amene dzina la Mulungu linali chikwapu pamsana pake ayenera kupatsidwa nthawi yopuma. Ena amadzabwerera kupemphera patapita zaka, ena sabwerera konse, ndipo onsewo ndi ana athu. Chachiwiri ndi kumupezera banja msanga, poganiza kuti mtsikana wopanda sukulu chomuthandiza ndi mwamuna. Munthu amene sanaphunzire kukana ndi amene amuna ankhanza amamununkhiza patali. Kuthamanga sikufika. Wotere akakwatiwa asanadziwe kusunga ndalama yake ndi kunena "ayi", wangosintha mwini.

Chimene chinathandiza kwathu chinali zinthu zing'onozing'ono, zosayenera n'komwe kulembedwa m'buku. Kukatenga chiphaso cha unzika, poti analibe pepala lililonse losonyeza kuti anabadwa. Kumupatsa ndalama yochepa imene sitinkamufunsa kuti wagula chiyani. Kumusiya kuti apsereze ndiwo tsiku lina n'kuona kuti palibe amene waitanitsa msonkhano. Analowa sukulu ya kwacha, n'kumakhala pakati pa amayi a msinkhu wa agogo ake, ndipo poyamba ankachita manyazi. Mayi wina wachikulire ndi amene anamuuza kuti mbewa ya manyazi inafera kuuna, onse n'kuseka, iyenso n'kuseka nawo. Kenako anaphunzira kusoka kwa telala wina wa pamsika, analowa banki m'khonde, ndipo tsiku limene anakangana ndi kasitomala wofuna kumubera mtengo wa diresi, mayi a kunyumba anabwera kudzandiuza akumwetulira kuti mwana uja wayamba kuchira.

Ndinene za mkwiyo, chifukwa umadzidzimutsa olera. Mantha akayamba kuchepa, pamabwera ukali. Mwana wofatsa uja anayamba kuyankha mokalipa, kumenyetsa zitseko, kufunsa kuti n'chifukwa chiyani anzake a msinkhu wake ali ku koleji pamene iye akuphunzira kulemba dzina. Tsiku lina anandifunsa maso ali gwa, "Agogo, inu munkadziwa kumene tinali. Bwanji simunabwere?" Funso limenelo si la ine ndekha, ndi la mbumba yonse ndi mudzi wonse, ndipo lilibe yankho lokoma. Zaka zimene anataya palibe angamubwezere. Mkwiyowo ndi wolungama, ndipo ndi chizindikiro chakuti munthu wayamba kudziona kuti anali woyenera zabwino. Womulera apirire, asautenge kuti ndi mwano kapena kusayamika. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Ndipo pamene maloto oopsa sakutha, kapena munthu wayamba kulankhula zodzichotsera moyo, pamenepo nzeru za pakhonde zaperewera. Mutu umodzi susenza denga, apite naye kwa alangizi ndi madokotala a za maganizo, monga a St John of God ku Mzuzu ndi ku Lilongwe, kapena kuchipatala cha boma chapafupi.

Mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi. Akale ankadziwa kuti mwana woleredwa ndi mawu a munthu mmodzi amakula mopendekera, n'chifukwa chake ankamutumiza kwa azakhali, kwa agogo, kwa malume, kuti akamve kuti kwina nsima amaphika mwina. Kagulu kotsekera kamayamba n'kudula njira zimenezi. Kamati achibale osakhulupirira ndi akunja, maliro awo musapite, sukulu ndi ya dziko, wailesi ndi ya mdani. Ndipo ife achibale, titanyozedwa kamodzi kapena kawiri, timakwiya n'kunena kuti nyumba ya mwini saotchera mbewa, azionera okha. Mwambi umenewo uli ndi malo ake, koma si pamene m'nyumbamo muli mwana. Wamkulu ali ndi ufulu wopemphera mmene afunira, ngakhale kusala kudya mpaka kuwonda. Malamulo a dziko lino amamupatsa ufulu umenewo, ndipo ndi bwino kuti atero. Koma ufuluwo sufika pa thupi la mwana. Mu 2010 chikuku chitagwira anthu oposa 100,000 m'dziko muno, panali makolo amene ankabisa ana kuti asabayidwe katemera chifukwa cha chikhulupiriro, mpaka m'madera ena azaumoyo ankachita kuyenda ndi apolisi. Ana amene anafa m'nyumba zotsekedwa nthawi imeneyo sanasankhe chikhulupiriro chilichonse. Kuyambira 2017 Malamulo aakulu a dziko lino salola ukwati wa munthu wosakwana zaka 18, ndipo palibe vumbulutso la mneneri aliyense limene lingafufute zimenezo.

Choncho malume amene mlongo wake watengera ana kumsasa wotere asaleke kupitako. Akamubweza pachipata, apitenso mwezi wamawa. Asapite kukatsutsana za Malemba, chifukwa akatero akungotsimikizira zimene anawo anauzidwa, zoti akunja ndi adani. Apite ndi shuga ndi sopo, apatse moni mwaulemu, aitane mwana aliyense ndi dzina lake, ndipo akapeza mpata amuuze mwanayo dzina la mudzi wa kwawo ndi kumene basi yake imakwererwa. Mtsikana wathu uja anafika pakhomo pathu chifukwa azakhali ake ena, amene ankabwezedwa chaka ndi chaka, anamunong'oneza ali wamng'ono dzina la malo amene tikukhala, ndipo iye analisunga mumtima zaka zonsezo. Akaona kuti mwana akumenyedwa, akumanidwa mankhwala kapena akukonzeredwa ukwati, nkhaniyo isathere pakhonde: aitengere kwa mfumu, ku ofesi yoona za chisamaliro cha anthu paboma, kapena kupolisi ku nthambi yothandiza ozunzidwa. Nambala ya 116 yothandiza ana ndi yaulere, ndipo ndi yaifupi moti mwana wosadziwa kulemba atha kuiloweza.